KAMBA SANGATHAWE MOTO

Sabata latha, pocokera ku Petauke kupita ku Nyimba, galimoto lathu linafa panjira. Poyembekeza makaniko ndinalowa pa lupsa la m'mbali mwa mseu, ndipo ndisanapite patali ndinapeza zigoba ziwiri za akamba, zakuda bii, miyendo ili kunja. Anyamata amene anali kukumba mbewa pafupipo anavomera kuti moto unayatsidwa ndi iwo dzulo lace. Za akambawo anangoti, "Bambo, nanga sanathawe bwanji?"

Awerengi, ameneyu ndiye kamba yemwe timamtama m'nthano madzulo. Mukumbukira caka ca cilala pamene nyama zinakumba citsime, Kalulu nakana nchito koma namabwera kudzaba madzi. Alonda amphamvu onse anawapusitsa ndi uci, kufikira Kamba anabisala m'madzimo namgwira mwendo.

Si ife tokha timlemekeza. Ku India amati mulungu wao Vishnu anasanduka kamba nasenza phiri la Mandara pamsana, ndipo mtundu wa Iroquois ku North America umati dziko linaumbidwa pamsana pa kamba. Koma opambana onse ndi anthu a ku China, aja anatimangira njanji ya TAZARA pakati pa 1970 ndi 1975. Nthano yao imati mizati ya thambo itathyoka, mulungu wamkazi Nüwa anadula miyendo inai ya kamba wamkulu wa m'nyanja nacirikiza nayo kumwamba kuti kusagwe.

Iwonso anali kuika cigoba pamoto, koma taonani kusiyana kwace. Zaka zoposa 3,000 zapitazo mafumu a mbumba ya Shang, akafuna kuombeza, anali kutenga cigoba ca kumimba ca kamba wa m'madzi, amene ife timati nkhasi, kapena fupa la paphewa la ng'ombe. Woombeza anali kuboola timaenje, nalowetsamo kamtengo ka moto kufikira cigoba cing'aluke, ndipo mfumu inali kumasulira ming'aluyo. Kodi mvula idzagwa mwezi uno? Kodi mapira adzaca? Kodi mkazi wa mfumu adzacira bwino? Mafunso ace ndi omwewa amatisowetsa tulo kuno kwathu. Mafunso ambiri anali kuzokotedwa pa cigoba comweco, ndipo zolembazo ndizo zakale koposa zonse zodziwika za cinenero ca ku China. Munthu wophunzira dzina lace Wang Yirong ndiye anazizindikira mu 1899, ndipo kuyambira mu 1928 akatswiri anayamba kuzikumba ku Anyang. Zidutswa zopezeka zapitirira 100,000. Za maula sindinenapo kanthu, koma moto wao unasiya mbiri yowerengeka kufikira lero. Wathu pa lupsa lija unasiya phulusa ndi mbewa zosadzaza mbale.

Kamba wamkulu wa mawanga, amene apezeka m'cigwa ca Luangwa ndi m'mapiri ozungulira, amatha zaka 12 kapena 15 asanayambe kuikira. Mazira ace amakhala m'nthaka miyezi 8 kapena kupitirira, ndipo ana ambiri amadyedwa ndi mbalame ndi zilombo cigoba cisanalimbe. Insa ikaona moto ithamanga, mbalame iuluka, mbewa ilowa kuuna. Kamba nzeru yace ndi imodzi yokha, yobweza mutu m'cigoba, ndipo nzeru imeneyi imamteteza kwa nkhandwe koma pamoto imamuoca ali m'nyumba mwace.

A Dipatimenti ya Nkhalango akhala akulangiza kwa zaka zambiri kuti ngati thengo liyenera kupsa, lipse msanga, ca mu Meyi kapena Juni, udzu usanaumitse. Moto wa nthawi imeneyo uyenda pang'onopang'ono nusiya zigawo zosapsa momwe tizirombo tibisala. Wa mu Seputembala ndi Okutobala, ndi mphepo yace ija, susiya kanthu, ngakhale udzu wofolera nyumba ndi msipu wa ng'ombe. Ndipempha anyakwawa a m'maiko a Mafumu Kalindawalo, Ndake ndi Nyalugwe kuti nkhaniyi aikambe pabwalo mwezi wa Meyi usanafike, anyamata a mbewa ali pomwepo.

Zigoba ziwiri zija ndinaziika pa culu. Cacikulu ndinacipima ndi nsapato yanga, ndipo cinaiposa kutalika.