Nyota yochedwa siibweza zaka

Wapolisi akatengera akuluakulu ake kukhothi pa nkhani yokwezedwa pantchito, kawirikawiri sapempha nyota yokha. Amapemphanso kuti kalata inene kuti udindowo unayamba kale, pa tsiku limene anayenera kuulandira. Ena amati limeneli ndi dyera, koma ine ndikukana. Pa tsikulo ndi pamene pagona malipiro a m'mbuyo, kukula kwa penshoni, komanso yankho la funso loti pa anthu awiri a nyota zofanana, wamkulu ndani. Wochedwetsedwa zaka zitatu amapezeka akuchitira sawatcha mnyamata amene iye yemwe adamuphunzitsa ntchito.

Nkhani ya Renate Barnard wa ku South Africa ikuonetsa mmene milandu yotereyi imadyera nthawi. Mayiyu, ali kaputeni wa polisi, adafunsira udindo wa superintendent mu 2005. Pa mafunso adaposa anzake onse, koma sadamupatse. Malowo atalengezedwanso adafunsiranso, adapambananso, ndipo komiti idamuvomereza. Mkulu wa apolisi pa nthawiyo, Jackie Selebi, adakana ponena kuti azungu adali atachuluka kale pa mlingo umenewo, pamene dziko likuyesa kukonza zimene tsankho lidaononga. Mpandowo udangokhala wopanda munthu.

Mothandizidwa ndi bungwe la apantchito la Solidarity, Barnard adakamang'ala. Mu 2010 khothi la Labour Court lidalamula kuti akwezedwe, ndipo udindowo uwerengedwe kuyambira 2006. Apolisi adachita apilo, napambana mu 2012. Chaka chotsatira Supreme Court of Appeal idaima ndi mayiyo. Pomaliza, mu September 2014, Constitutional Court idagamula kuti apolisi sadaphwanye lamulo. Makhothi anayi, zaka pafupifupi 9.

Pa za tsankho la khungu aweruze eni ake a ku South Africa. Chimene chikundigwira mtima n'choti ena mwa oweruza a khothi lomalizalo, ngakhale adavomereza chigamulo, adadandaula kuti zifukwa zimene mkulu wa apolisi adapereka zidali zoperewera. Apa ndiye pali gwero la milandu yambiri. Munthu akakanizidwa popanda kumufotokozera bwino, amadzipezera yekha chifukwa: kwathu ndi kolakwika, ndilibe mbale kulikulu, ndidakana kutumidwa zachinyengo. Kaya ndi zoona kaya ayi, mtima watha basi.

Kuno kwathu wapolisi ali ndi makomo ochepa ogogodapo. Lamulo la Employment Act la 2000 silikhudza apolisi, asilikali ndi alonda a ndende, kupatula anthu wamba ogwira ntchito kumeneko. Komabe malamulo aakulu a dziko samusiya padera. Ndime 43 imapatsa aliyense ufulu wouzidwa zifukwa, mochita kulemba, pamene chiganizo cha ofesi ya boma chakhudza ufulu wake kapena chimene amayembekezera moyenera. Ofesi ya Ombudsman nayo ilipo yomva madandaulo a kupondereza, ndipo Police Service Commission idakhazikitsidwa kuti za maudindo zisamayendere nkhope.

Tsono pempho langa kwa akuluakulu apolisi ndi losavuta. Zoyenereza kuti munthu akwezedwe zidziwike kwa onse, kuyambira kulikulu ku Area 30 mpaka kapolisi kakang'ono ka kumalire. Amene walephera auzidwe chifukwa msanga, papepala, kuti ngati akudandaula adandaule mpando usanakhalidwe ndi wina. Ndipo pamene zapezeka kuti ofesi ndiyo idalakwa, tsiku libwezedwe m'mbuyo ndi ndalama zake zomwe, osadikira woweruza.

Khothi likhoza kusintha deti pa kalata n'kulamula kuti ndalama ziperekedwe. Koma madzi akatayika sawoleka: zaka zimene munthu akadatsogolera anzake, n'kufunsira udindo wotsatira, palibe woweruza angazibweze. Chinanso, ndalama za milandu ndi malipiro a m'mbuyowo sizituluka m'thumba la bwana amene adasaina molakwa. Timalipira ndife okhoma msonkho.