Kuimitsa munthu nchito sindiko kutha kwa mlandu

Amayi ndi abambo a pamsika ku Katete, Sinda ndi Vubwi, tikambirane nkhani iyi. Nthawi zambiri timamva pa wailesi kuti boma laimitsa nchito ofesala uje kuti afufuzidwe. Timaomba m'manja, mawa taiwala. Koma ndani anabwerako kudzatiuza kuti mlanduwo unatha bwanji?

Poyamba tidziwe lamulo. Wanchito wa boma sachotsedwa ndi pakamwa pa nduna. Lamulo la Service Commissions Act la 2016 linapereka nchito yolanga ku makomishoni. Aphunzitsi ali pansi pa Teaching Service Commission, a m'maunduna pansi pa Civil Service Commission, ndipo maofesala a khonsolo amayang'aniridwa ndi Local Government Service Commission. Munthu akaganiziridwa mlandu amapatsidwa kalata yonena chimene walakwa, iye amayankha, kenako komiti imamva mbali zonse. Employment Code Act ya 2019 nayonso imakamba kuti usamuchotse munthu nchito chifukwa cha khalidwe lake usanamupatse mpata wodziteteza.

Choncho kuimitsidwa si chilango ayi. Ndi kumuchotsa pampando kuti asagwire mafayilo pamene akufufuza. Nthawi imeneyo amalandira hafu ya malipiro, ndipo akapezeka wosalakwa amabwezeredwa zotsalazo. Manje funsani, ndalamazo zichoka kuti? Zichoka kwa inu. Mukagula mafuta ophikira, shuga kapena thokotaimu, msonkho mwalipira kale. Mlandu ukagona chaka chathunthu, inu mukulipira munthu amene ali khale kunyumba, ndipo pa ofesi palibe wokuthandizani.

Nkhani ya mankhwala ndiyo itionetsa bwino. Mu 2024 makontena 61 a mankhwala ndi zipangizo za m'zipatala anapezeka atakhala miyezi pamalo a kampani ina ku Lusaka, odwala akuuzidwa kuti akagule okha. Mkulu wa ZAMMSA anachotsedwa pampando. Koma mu May 2025 kazembe wa America, a Michael Gonzales, analengeza kuti dziko lao lidula thandizo la mankhwala la madola 50 miliyoni pachaka chifukwa cha kuba, ndipo anadandaula kuti amene boma linagwira anali apansipansi chabe. Amene anamva kuwawa si a m'maofesi a ku Lusaka. Ndi mayi wa ku Vubwi amene wasiya tomato wake pa thebulo, wafika pa kiliniki, napatsidwa kapepala m'malo mwa mankhwala.

Kwathu kuno ndalama zachulukanso. CDF inali K1.6 miliyoni, mu 2022 inakwera kufika K25.7 miliyoni, ndipo mu 2025 inafika K36.1 miliyoni pa konsitichuwensi imodzi. Werengani Mkaika, Milanzi, Sinda, Kapoche ndi Vubwi, muone kuti ndi ndalama zingati zikudutsa m'manja mwa makhonsolo atatu. M'menemo muli ngongole zanu za bizinesi, mashedi a pamsika, zimbudzi ndi madzi. Pamene pali uchi wotere, lamulo lolanga liyenera kukhala lamano.

Koma lamano kwa onse. Wotolera levi pamsika akasowetsa K200, kalata imamupeza sabata yomweyo. Bwana akasaina pepala la mamiliyoni, timangomva kuti wasamutsidwa. Kusamutsa si chilango. Sinda ndi Vubwi anakhala maboma mu 2012 kuti thandizo lifike pafupi ndi anthu, osati kuti akhale kotayako amene alakwa kwina.

Mbali inanso musaiiwale. Ena amaimitsidwa alibe mlandu uliwonse, kungoti akuganiziridwa kuti ndi a chipani china, kapena anakana kusaina zokhota. Mphunzitsi kapena nesi woteroyo ndi kasitomala wanu. Akayamba kulandira hafu, ndi inu amene mumamulemba m'buku la ngongole. Kumusunga m'malere miyezi yosawerengeka ndi nkhanza. Ngati ndi wakuba, mlandu upite ku khoti abweze ndalama. Ngati alibe mlandu, abwerere ku nchito ndipo dzina lake liyeretsedwe poyera monga mmene linaipitsidwira poyera.

Tsono tichite chiyani? Makomiti a pamsika, pitani kwa khansala wanu, kwa a Council Chairperson ndi kwa MP, mufunse mafunso atatu. Ndi maofesala angati aimitsidwa m'boma lathu lino? Milandu yao yakhala nthawi yaitali bwanji? Ndalama zabwezedwa zingati? Musalole yankho lakuti "tikufufuzabe" chaka ndi chaka.

Inu mukalephera levi ya tsiku limodzi, sakudikirani mpaka mawa. Naonso musawadikire.

Gawanani uthengawu ndi anzanu a pamsika, ndipo mutiuze zimene akuyankhani.