Mcere wa Amai Haloba ufike kumidzi

Alendo obwera ndi makamera ku Livingstone ndi osawerengeka. Onse athamangira ku mathithi a Mosi-oa-Tunya, ajambula madzi ndi utawaleza, nakwera ndeke kubwerera kwao. Koma mzinda womwewu unabala mwana amene analoza kamera kwina. Tinena za Amai Anawana Haloba, amene anabadwira kumeneko m'caka ca 1978.

Amaiwa anayamba maphunziro a zaluso pa Evelyn Hone College mu Lusaka, napitiriza ku Oslo m'dziko la Norway ndiponso ku Amsterdam. Kanema wao si wa malonda ai. Mulibe nkhonya, mulibe wakuba wothamangitsidwa, ndipo mulibe mau a munthu wosaoneka wolongosola zonse.

Acikulire akumbukira bayisikopo ya Central African Film Unit, imene atsamunda anakhazikitsa mu 1948. Galimoto inali kufika madzulo, cinsalu coyera cimangidwa, ndipo kanema atiphunzitsa kulima ndi kusunga ndalama ngati kuti tinali ana. Maganizo athu sanali kufunsidwa.

Amai Haloba atsata njira yina. Mu kanema wao wina, kamera iyandikira pafupi kweni-kweni, ndipo cimene muona ndi lilime lao likulemba mizere pa mcere womwazidwa. Palibe cina. Koma ali yense amene analawapo mcere woculuka adziwa m'mene uwawira, ndipo asanathe kupenya, mate adzaza m'kamwa mwake. Ife tiona pamenepo munthu amene ali ndi mau, koma kuwanena kumpweteka. Kodi si momwe akhalira amai ambiri pa bwalo la milandu, kapena mkazi wamasiye pamene abale a mwamuna agawana katundu?

Mu 2016 ku São Paulo m'dziko la Brazil anabwereranso ku mcere. Anapacika miyala ya mcere m'mwamba, ndipo inali kusungunuka dontho ndi dontho anthu akupenya. Ena adzati izi ndi masewera a anthu ophunzira. Ife tikana. Mlimi amene aona nthaka yake ikukokoloka caka ndi caka, ndi agogo amene adzukulu ao aleka kulankhula cilankhulo ca makolo, safuna womasulira kuti amve tanthauzo lake.

Cotidandaulitsa ndi ici: nchito ya Amaiwa inaonetsedwa ku Venice m'dziko la Italy mu 2009, koma ndi angati a ku Katete, Petauke kapena Chadiza amene anamvapo ngakhale dzina lao? Mlandu suli pa iwo. Mu 2014, pamodzi ndi anzao, anatsegula Livingstone Office for Contemporary Art kwao komweko, kuti acinyamata aluso apeze mabuku ndi pophunzirira popanda kuoloka nyanja. Mbali yao anacita.

Yatsala ndi mbali yathu. Magalimoto a ZANIS afika kale kumidzi ndi kanema wa katemera ndi wa feteleza, ndipo nchitoyo ndi yofunika. Tipempha kuti a m'maofesi akambirane ndi aluso otere, kuti pa usiku womwewo aonjezepo mphindi khumi za kanema wao. Akatha kuonetsa, asafulumire kumasula cinsalu. Apatse a nyakwawa, amai ndi ana a sukulu mpata woti anene cimene aona.