ZA MAKEDZANA: Nkhokwe ya Inanna ndi Mitambo ya ku Chongwe

Mwezi wa Okutobala ukafika, fumbi likamauluka m'miseu ya Kanyama, Chawama ndi Mtendere, maso a anthu amakhala kumwamba. Amai a m'makomboni amene ali ndi timinda m'mphepete mwa njanji kapena pansi pa nthambo za magetsi amayamba kusosa, nayang'ana mbeu zimene anasunga m'zitini. Pa nyengo yomweyo ku Chongwe, mtunda wa makilomita pafupifupi 45 kum'mawa kwa Lusaka, Asoli amasonkhana pa mwambo wao wa Chakwela Makumbi, ndiko kunena kukoka mitambo. Mfumukazi Nkomeshya imapempha mvula kwa makolo, imayatsa moto pa munda wosankhidwa, ndipo imabzala mbeu zoyamba ndi manja ake. Dziko limene mzinda wa Lusaka unamangidwapo ndi la Asoli ndi Alenje, cotero mvula imene imapemphedwa ku Chongwe ndiyo imene imagwa pa malata a ku Kalingalinga.

Alipo acinyamata ena ophunzira amene amaseka mwambo wotere, namati ndi za kumudzi. Iwowa ayenera kumva kuti mizinda yoyamba pa dziko lapansi, pamodzi ndi luso la kulemba limene amanyadira nalo, zinabadwira pa khomo la kacisi wa mbeu ndi kubala.

Dziko lake ndi lija licedwa Iraq tsopano, pakati pa mitsinje iwiri, Tigris ndi Euphrates. Kum'mwera kwake kunali anthu a mtundu wa Sumer. Kumeneko mvula ndi yocepa kwambiri, yosakwana kukhwimitsa mbeu, ndipo miyala ndi mitengo ya milimo n'zosowa. Cimene anthuwo anali naco ndi dongo, bango ndi madzi a mumtsinje. Anakumba ngalande zotengera madzi kuminda, nalima balere, tirigu ndi kanjedza, naweta nkhosa. Pofika zaka 3,100 Yesu asanabadwe mzinda wao wa Uruk unali ndi anthu amene akatswiri amayerekeza kuti anali 40,000. Kanyama yekha lero aposa ciwerengeroci kangapo konse, koma pa masiku amenewo panalibe mudzi wina wofanana nao pansi pa thambo.

Mwini mzindawo, monga mwa cikhulupiriro cao, anali mulungu wamkazi dzina lake Inanna. Mbiri yake inamveka pa za cikondi ndi za nkhondo, koma cizindikiro cake cakale ndico ciulula ciyambi cake: mitolo iwiri ya bango yopindika kumutu, yoimikidwa pa khomo la nyumba yosungiramo zokolola. Inanna anali mai wa nkhokwe. Akatswiri a ku Germany pokumba pa Uruk m'zaka za 1933 ndi 1934 anapeza mtsuko wamwala, wotalika ngati mita imodzi, wozokotedwa zithunzi m'mizere. Pansi penipeni pali madzi. Pamwamba pa madzi pali mbeu zomera, kenaka nkhosa zazimuna ndi zazikazi zotsatana, kenaka amuna osenza mitanga ndi mitsuko yodzaza, ndipo pamwamba pa zonse paimirira mkazi patsogolo pa mitolo ya bango ija kulandira mtulo. Mlimi wa ku Katete atauona mtsukowo sangafune womumasulira. Mtsuko umenewu unabedwa ku nyumba yosungiramo zakale ku Baghdad m'mwezi wa Epulo 2003 pa nthawi ya nkhondo, ndipo unabwezedwa patapita miyezi iwiri uli zidutswa.

Mtulo ukaculuka mutu wa munthu sungathe kusunga ciwerengero cake. Cifukwa cake akapitao a kacisi anayamba kudinda zizindikiro pa timapale ta dongo laliwisi ndi kamtengo ka bango: balere wakuti walowa, mowa wakuti waperekedwa kwa anchito, nkhosa zakuti zabala. Zolembedwa zoyamba za ku Uruk si nyimbo kapena mapemphero ai, ndi maakaunti a m'nkhokwe. N'cifukwa cake Nisaba, mulungu wamkazi wa mbeu za m'munda, ndiyenso anakhala mulungu wa alembi.

Mwamuna wa Inanna anali Dumuzi, mbusa wa nkhosa. Nthano yao imati Inanna anatsikira ku dziko la akufa, ndipo kuti aturukeko panafunika wina wolowa m'malo mwake. Tsoka linagwera Dumuzi, koma mlongo wake Geshtinanna anabvomera kugawana naye cakaco, wina theka wina theka. Motero cilimwe cikafika, msipu ukauma ndipo nkhosa zikaleka kuturutsa mkaka, akazi anali kulira maliro a Dumuzi. Ababulo atadzalamulira dzikolo anatenga milunguyi naicha Ishtar ndi Tammuz, ndipo nthano yao imanena kuti pamene Ishtar anali kumanda ng'ombe ndi abulu zinaleka kukwerana. Owerenga Baibulo amam'dziwa Tammuz, pakuti mneneri Ezekieli pa mutu 8 anaona akazi akum'lira pa cipata ca kacisi ku Yerusalemu. Kufikira lero mwezi wa Julayi ku Iraq umachedwa ndi dzina lake.

Nkhalamba za Cicewa zokhala ku Matero ndi George sizingadabwe ndi zimenezi. Ku Msinja, kufupi ndi mapiri a Dzalanyama m'Malawi, kunali Makewana, mai wa ana, amene anali kuyesedwa mkazi wa Cauta. Iye sanali kumeta tsitsi, poopa kuti angamete mvula. Anali kutumikiridwa ndi akazi ochedwa matsano, ndipo munthu wa udindo wa Kamundi anali kuimirira njoka yopatulika, Thunga, pa miyambo yotsegulira kubala kwa akazi ndi kwa nthaka. Mafumu, ngakhale Undi amene, anali kutumiza mitulo ku Msinja popempha mvula. Pakati pa Msinja ndi Uruk palibe amene anaphunzira kwa mnzake. Njala ndiyo inaphunzitsa onse awiri.

Koma pali kusiyana kumene anthu a mu Lusaka ayenera kukusinkhasinkha. Acewa ndi Asoli anali kuyang'ana kumitambo, pamene a ku Sumer ndi Babulo anali kuyang'ana kungalande, ndipo ngalande siikumbika ndi banja limodzi. Inafuna kapitao, nchito ya thangata ndi lamulo. Mfumu Hammurabi ya Babulo, imene inalamulira kuyambira 1792 kufikira 1750 Yesu asanabadwe, inazokotetsa malamulo ake pa mwala wakuda umene unapezeka ku Susa mu 1901 ndipo uli ku Paris. Limodzi la malamulowo likhudza munthu waulesi wosakonza cipupa ca ngalande yake. Madzi akaphwanya cipupaco nakokolola minda ya anzake, iye anayenera kubweza mbeu zonse zoonongeka; akalephera, anali kugulitsidwa pamodzi ndi katundu wake, ndipo eni mindawo anali kugawana mtengo wake. Cilango cimeneci n'cankhanza ndithu, ndipo palibe angacifune lero. Komabe cisonyeza kuti anthu amene anali kulira Tammuz caka ndi caka sanasiyire milungu nchito ya khasu.

Lusaka yalawa mbali zonse ziwiri za madzi. Mu 1978 cigumula cinagwetsa nyumba zambiri za m'Kanyama, pakuti komboniyo inakhala pa thanthwe losalala pamene madzi alibe kothawira. Kumapeto kwa 2023 kolera inabuka, niyenda ndi madzi a m'zitsime zosaya zoyandikana ndi zimbudzi, kotero kuti bwalo la masewera la National Heroes linasanduka cipatala ndipo masukulu anacedwa kutsegulidwa. Maliro a kolera asanathe mvula inadula, ndipo pa 29 Febuluwale 2024 Mtsogoleri wa dziko Hakainde Hichilema analengeza kuti cilala cagwetsa dziko m'tsoka, cimanga ca mahekitala pafupifupi 1 miliyoni citapserera m'minda. Madzi a ku Kariba anatsika, magetsi anasowa usana ndi usiku, ndipo ometa tsitsi ndi owocherera zitsulo a ku Kalingalinga anakhala manja lende, mtengo wa thumba la unga uli kukwera.

Caka cimeneco, monga zaka zonse, nyengo ya kubzala inafikanso ndipo amai a m'makomboni anaturutsa zitini zao za mbeu. Mvula yoyamba itagwa, ngalande zambiri za m'Chawama ndi Kanyama zinapezeka zodzaza ndi mapepala a pulasitiki ndi mabotolo, ndipo madzi anatsata njira yao yakale yolowera m'nyumba za anthu.