Wakuba kachewere ndi wakuba nyimbo

Abale anga a kuno ku Bembeke ndi inu muli m'tauni, lero ndabwera kudzadziulula ndekha.

Sabata yatha anthu anandikumbira kachewere kudimba usiku, mizere isanu yathunthu. Ndinalalata tsiku lonse, poti feteleza wake ndinachita kukongola. Madzulo ndikumvera nyimbo za malemu Lucius Banda pafoni kuti mtima utsike, mdzukulu wanga anangoti, "Agogo, nanga nyimbozo munagula kwa eni ake?" Ndinangoti kukamwa yasa.

Zoona zake n'zakuti ndinapatsa mnyamata wa pamsika ndalama yogulira mandasi, iye n'kundidzazira memory card ndi nyimbo komanso mafilimu omasulira m'Chichewa aja. Kenaka ndinagawira mlamu wanga pa Bluetooth. Woimba sanaonepo olo tambala.

Kale tinkagula tepi yomatidwa kachizindikiro ka COSOMA, woimba n'kupezapo kangachepe. Lero timati sikuba, poti nyimboyo siichoka kwa mwini wake. Koma kujambulitsa ku studio amalipira, ngati mmene ine ndimalipirira feteleza. Iye walima, tikukolola ndife.

Anyamata okopera nyimbowa sindikuwanyoza ayi, ntchito kulibe. Ndiponso kumudzi kuno pogulira nyimbo mwachilungamo palibe. Komabe zina tingathe. Oimba akabwera kwa Dedza tizilipira pakhomo, osalumpha mpanda. Wakwaya akamagulitsa nyimbo zake kutchalitchi, gulani, musamudikire mnzanu kuti akutumizireni pa WhatsApp.

Inu a m'tauni, amene mumadziwa pogulira, tiuzeniko. Ine wondibera kachewere sindinamukhululukire, nde sindingamadye thukuta la wina.