Kodi nkhani ya Chiuta adzaijambula ndani?

Dzuwa likapendeka kwa Ngokwe kapena pa Nayuchi, ana athu ambiri timawapeza m'tizisakasa ta vidiyo, akuonera mafilimu ankhonya a ku China ndi ku India amene wina anawalankhulira m'Chichewa. Akuluakulu ena akaona zimenezi amafulumira kugamula kuti kanema aliyense ndi haramu. Ife tikutsutsa chigamulo chimenechi, pakuti chatitseka pakamwa eni akefe, koma maso a ana sichinawatseke.

Mpeni umene timazingira mbuzi pa Eid ndi womwewo umene ungavulaze munthu, ndipo mlandu umagwera wougwira. Kamera ilinso chimodzimodzi. Ife aphunzitsi tikudziwanso kuti mwana amene amasinza pa phunziro la malamulo amatong'ola maso tikafika pa Surah Yusuf, chifukwa mtima wa munthu umatsata nkhani.

Mu 2012 Shemu Joyah anatulutsa filimu ya The Last Fishing Boat, yonena za Yusufu, msodzi wa m'mbali mwa nyanja ya Malawi amene nsomba zikumuthera pamene alendo odzaona malo akusokoneza banja lake. Tikhoza kutsutsana naye pa momwe anaonetsera mitala, koma iye anagwira ntchito imene ife tinaithawa. Mu 2019 dziko lonse linamva Chichewa pa Netflix kudzera m'nkhani ya William Kamkwamba wa ku Kasungu. Nanga Chiuta chilibe nkhani?

Chili nazo. Mu 1995, chaka chimene nyanja ya Chilwa inaphwa, asodzi a kuno anakhazikitsa makomiti a m'madooko, nathamangitsa makoka amene ankakokolola ndi tiana ta nsomba tomwe. Akatswiri analemba zimenezi m'Chingerezi, koma mdzukulu wa msodzi amene anaima padooko tsiku limenelo sazidziwa. Mfumu Kawinga inalimbana ndi Angerezi pa phiri la Chikala mpaka 1895, ndipo mbiri yake anailemba ndi omwe anaigonjetsa. Masheikh Abdallah Mkwanda ndi Thabit Ngaunje anafalitsa maphunziro a Chisilamu pakati pa Ayao. Ndi ana angati angatchule mayina awo?

Sitikunena kuti chilichonse chijambulidwe. Zam'simba la jando zikhale kusimba komweko. Mayi asajambulidwe popanda chilolezo chake, ndipo umphawi wa munthu usasanduke malonda. Koma malire amenewa angawasunge bwino ndi mwana amene anaphunzira adabu kumadrasa, osati mlendo wobwera masiku atatu n'kubwerera.

Tikupempha makomiti a mizikiti kuti mnyamata kapena mtsikana wofuna kujambula asamuthamangitse ngati wakuba. Amupatse munthu wamkulu womuperekeza, akayambire kwa agogo amene anaona za 1995, awajambule m'Chiyao ndi m'Chichewa. Foni ali nazo kale m'matumba. Agogowo akutha chaka ndi chaka, ndipo tikawaika m'manda tisanawafunse, cholakwacho chidzakhala chathu.