Bala Linapola, Nanga Befu Alemba Ndani?

Malume anga kuno ku Domasi anabayidwa pachifuwa m'chaka cha 1992 ndi anyamata ofunsa khadi. Bala linapola, koma mpaka lero akakwera kamtunda amachita befu. Pepala lawo la kuchipatala limangoti bala la pachifuwa, basi.

Inu amene munakhalako kunja mukudziwa kuti kumeneko vuto lililonse la m'thupi lili ndi nambala yake. Ku America, chiyambire 2015, nambala ya bala lobaya mpaka m'kati mwa chifuwa imayamba ndi S21, ndipo chilembo S kumapeto chimasonyeza kuti munthu akuvutikabe ndi zotsala za balalo. Iwo amatero kuti a inshuwalansi alipire. Ife kuno tikufuna madokotala azilemba zotsalazo kuti zikhale umboni.

Bwalo lopereka chipepeso kwa ozunzidwa mu ulamuliro wa chipani chimodzi, National Compensation Tribunal, linatsekedwa mu 2004 anthu zikwizikwi asanalipidwe mokwanira. Mu 2017 Ombudsman Martha Chizuma anakumbutsa boma za ngongoleyi. Tsono tsiku limene adzaitanidwe, malume adzaonetsa chiyani? Chipsera chawo n'chochepa ngati tambala.